Botolo la Signora Assunta linabwerera ndi mtedza

Botolo linasowa Loweruka masana. Lachiwiri m'mawa linapezeka pakhomo pa bekale, lotsukidwa mpaka kuwala, litakulungidwa mu jumbo, koma mkati modzaza mtedza wokazinga mpaka pakhosi kkkk. Ndipo mu London monse munthu yekhayo amene nkhaniyi inamutsekemera anali Etta.

Etta ameneyu amakhala ku Thamesmead ndi mayi ake, mkati mwa sabata ali ku uni, weekend amayendetsa alendo ku Clerkenwell. Ntchito yake ndi yoti anthu agula tikiti, akupeza pa station ya Farringdon utanyamula kaambulera kofiira, nde iwe uziwatsogolera wapansi sitolo ndi sitolo akulawa zakudya za ku Italy, chigawo chilichonse ndi chakudya chake. Mumayamba ndi arancini wa ku Sicily, timipira ta mpunga tokazinga tokhala ndi nyama mkati. Kenako pasta wa pesto wa ku Liguria, wobiriwira ngati aphikira kapinga koma kukoma kwake usaseke. Kenako buledi wa ku Puglia kwa Signora Assunta, kuwoloka msewu tchizi cha ku Sardinia, kumalizira gelato, ayisikilimu wa ku Italy. Maola atatu. Mapazi amatupa koma anthu amabwerera akunyambita zala.

Ma guide analipo awiri basi, Etta ndi Effie. Effie wobadwira ku Ilford, makolo ake a ku Malawi komweko koma Chichewa chake chimathera pa ndili bwino kaya inu. Mano ngati a pa TV. Akaseka, alendo amaseka asanamve n'komwe nthabwalayo. Ma review ake onse nyenyezi zisanu, dzina lake lozunguliridwa ndi timitima, pomwe a Etta alendo amangolemba kuti chakudya chinali chabwino. Chakudya basi. Ngati kuti maola atatu onsewo ankatsogoleredwa ndi ambulera yoyenda yokha.

Nde mwezi watha bwana wawo Melissa analengeza kuti guide mmodzi apita ku Bologna sabata yathunthu kukaphunzira kupanga pasta, ndege, hotela, zonse za kampani. Anasankha Effie, mukudziwa kale. Etta anawomba m'manja kuposa aliyense, anamukumbatira, mpaka anamupsompsona patsaya. Kenako anapita ku toilet n'kukaluma sikafu yake mpaka ulusi unamukanirira m'mano.

Tsopano za botolo lija. Signora Assunta sagwiritsa ntchito yisiti ya m'paketi. Ali ndi chotupitsa chawochawo, kaphala ka ufa ndi madzi kowawasa ngati thobwa logona, kamafunika kudyetsedwa ufa tsiku ndi tsiku apo ayi kamafa. Akuti anabwera nako apongozi awo kuchokera ku Puglia kalekale ndipo n'kamoyo mpaka lero. Tour iliyonse amalitulutsa botololo, alendo amanunkhiza, amajambula, kenako limabwerera pa shelefu kuseri kwa kauntala. Loweruka lija silinabwerere. Ndipo tour ya Loweruka lija anayendetsa ndi Effie.

Melissa anamuimbira Etta Lachiwiri lomwelo. Ati Signora akana kuti mlendo aliyense alowenso mu bekale mwawo, ati munthu yekhayo wololedwa kugwira botololo ndi guide, ati pofika Lachisanu chotupitsacho chikapanda kupezeka Effie ntchito yatha. Kenako anafunsa ngati passport ya Etta ili bwino.

Etta anayankha ndi mawu a pamaliro kuti ili bwino, koma iye sangasangalale mnzake ali pamavuto, amulole kaye afufuze kuti amuthandize Effie. Atadula foni anavina yekha mu kitchen ndi supuni m'manja kkkk. Kumuthandiza ankanenako n'kumugwira ndi umboni Lachisanu lisanafike, kuti pasadzakhale zoti mwina mwina.

*

Lachitatu m'mawa anajomba lecture n'kulunjika ku Clerkenwell.

Signora Assunta ndi mayi aafupi, ojintcha, manja oyera ndi ufa mpaka m'zigongono, akamalankhula manja amafika patsogolo mawu akubwera m'mbuyo. Etta amawatcha Nonna, kutanthauza agogo m'Chitaliyana, amawakonda zoopsa, ngakhale kuti iwo amamutcha winayo, chifukwa dzina lomwe analisunga m'mutu ndi la Effie. Anawapeza atakhala pa thumba la ufa, botolo la mtedza lili pamiyendo ngati mwana wodwala.

Anafotokoza m'Chingerezi chosakaniza ndi Chitaliyana, kulira pang'ono, kutukwana pang'ono. Anati analitulutsa cha m'ma half twelve, alendo khumi ndi awiri ananunkhiza, kenako analipereka kwa Effie kuti alibwezere pa shelefu chifukwa buledi ankapserera mu uvuni. Pomwe amabwerako gulu linali likutuluka. Shelefu sanaiyang'ane mpaka nthawi yotseka. Kamera ilipo koma inafa kalekale, amangoisiya poopsezera. Lachiwiri lija iwo anasesa pakhomo six koloko panalibe kanthu, seven koloko potsegula sitolo jumbo inali pamenepo.

Etta anafunsa ngati pali wina anadutsa kuseri kwa kauntala. Signora anati palibe, kupatula ofuna toilet, chitseko chake chili pafupi ndi shelefu pomwepo, koma iwo sawerenga anthu opita ku toilet, si ntchito yawo imeneyo. Etta mbali imeneyo sanailembe mu foni. Inali yosokoneza mlandu.

Chomwe chinawapweteka Signora kwambiri ndi mtedzawo. Kuba, chabwino, anthu amaba. Koma kukubwezera botolo lako ndi mtedza ngati akudyetsa nyani, umenewo ndi mwano, ndipo kuyambira Lolemba akuphika ndi yisiti ya m'paketi, buledi akutuluka ngati siponji, kasitomala wina wa zaka makumi awiri analuma kamodzi n'kuwayang'ana ngati amutukwana.

Etta anatsegula chivundikiro. Mtedza waukuluukulu, wofiira, wotuwa mchere pamwamba. Apa mtima wake unagunda ngati ng'oma ya kwaya chifukwa iye ankadziwa chomwe Signora sankadziwa. Si mwano umenewo. Kwathu munthu akakupatsa chakudya m'mbale yake, mbaleyo subweza yopanda kanthu, umaikamo kenakake, kaya mtedza kaya nthochi kaya mazira awiri. Mzungu sangaganize zimenezo, Mtaliyana sangaganize zimenezo. Wakubayu anali Mmalawi. Ndipo pa tour ya Loweruka Mmalawi analipo mmodzi.

Anatapa mtedza wodzaza dzanja n'kuponya m'thumba la jekete, ati umboni.

*

Kuwoloka msewu ndi kwa Jason, mwini sitolo ya tchizi, wamtali, wandevu zosamalidwa, amalankhula ngati akuthamangitsidwa ndipo aliyense amamutcha love, ngakhale wapolisi. Etta wakhala akumusekerera chaka chathunthu, iye amangomupatsa kachidutswa ka pecorino n'kumufunsa kuti Effie ali bwanji.

Atangomva kuti amene akuganiziridwa kuba ndi Effie, anaika mpeni pansi. Anati zosatheka. Anati Loweruka Effie anachoka kwa Signora n'kulowa mwake straight gulu lili pambuyo, dzanja limodzi ambulera, linalo foni, pachifuwa kachikwama kake kakang'ono kaja komwe ngakhale sangweji singalowe. Botolo la lita yathunthu akanaliika kuti, m'tsitsi? Anawonjezera kuti tsitsilo tsiku limenelo linali lokongola, zomwe palibe anamufunsa.

Etta anamwetulira mano okha. Anati mwina analibisa panja n'kudzalitenga tour itatha. Jason anati ayi, tour itatha anamuperekeza yekha ku station ndipo anamuona akudutsa pa geti.

Anamuperekeza. Etta analemba mawu amenewo mu foni mwamphamvu mpaka chala chinamuwawa.

Anafunsa za alendo. Jason anawerenga pa zala: banja la ku Texas, anthu anayi, lofuna ketchup pa chilichonse, atsikana asanu operekeza mnzawo wofuna kukwatiwa omwe anafika ataledzera kale, madoda awiri a ku Leeds, ndi mayi wina wachikuda yekhayekha, magalasi akuda, chikwama chachikulu cha kutchalitchi. Ameneyo anamukumbukira bwino chifukwa atamupatsa tchizi analandira ndi manja awiri akupinda maondo pang'ono, mpaka Jason anachita manyazi ngati wapereka mphatso ya ukwati. Ndipo sanadye. Anakulunga mu tishu n'kuika m'chikwama. Atamufunsa ngati sichinamusangalatse, ati anayankha kuti munthu wamkulu satafuna ali chiimire anthu akumuonerera, akadya kunyumba. Pa tour yoyenda ukudya kkkk. Jason ankaseka mpaka kugwira kauntala.

Etta sanaseke. Kenakake kanamuzizira pamsana koma anakauza kuti kakhale kaye phee. Azimayi oterowo London yadzaza, a ku Zimbabwe, a ku Ghana, a kulikonse. Iye anali pa mlandu wa Effie.

*

Etta anamupeza Effie ku Ilford pa benchi ku Valentines Park, atavala hoodie yakale, maso otupa. Chokwiyitsa n'chakuti ngakhale atalira amakongolabe. Etta akalira nkhope imakhala ngati mbatata yophika.

Anakhala pambali pake, anamusisita paphewa ngati mnzake weniweni, kenako mwaulemu anafunsa kuti Lachiwiri pakati pa six ndi seven anali kuti. Effie anati anali paulendo wopita ku Wembley, amagwiranso ntchito mu shop ya zovala kumeneko. Etta anatsala pang'ono kudumpha, chifukwa wochoka ku Ilford kupita ku Wembley Park amasintha sitima pa Farringdon, ndipo kuchokera pa Farringdon kupita kwa Signora ndi mphindi zisanu basi. Anamufunsa zimenezo akudziletsa kumwetulira.

Effie sanakwiye n'komwe, anangotsegula foni n'kumuonetsa maulendo a khadi yake. Ilford 5:41, Wembley Park 6:38. Pakati palibe kanthu. Pa Farringdon anasinthira mkati momwemo, pa geti sanatuluke.

Chabwino. Etta anali ndi chipolopolo china. Anapisa m'thumba, anatulutsa mtedza uja n'kumufikitsira pamphuno ngati apolisi a m'mafilimu.

"Ukuudziwa uwu?"

Effie anadumpha pa benchi ngati waona njoka, anakaima patali, anatsegula kachikwama kaja, n'kutulutsa jakisoni wooneka ngati cholembera chachikulu. Ati mtedza ukangomukhudza pamilomo khosi limatsekeka, anagonapo m'chipatala kawiri, kwawo amayi ake anasiya ngakhale nsinjiro chifukwa cha iye. Mmalawi wodwala mtedza, abale kkkk. Chaka chonse Etta ankaganiza kuti Effie amakana gelato posunga chiuno.

Etta anabweza mtedza m'thumba, anapukuta dzanja pa jinzi, anapepesa chamumtima. Anayesa komaliza, anafunsa ngati Effie amadziwa kuti mbale ya mwini sibwerera yopanda kanthu. Effie anafunsa kuti mbale iti. Apa Etta anakumbukira lunch box yake yomwe Effie anabwereka chaka chatha, inabwera patatha miyezi iwiri ili ndi foloko yakuda mkati. Mlandu wonse unagwa pansi ngati zovala zochapa chingwe chikaduka.

Panatsala funso limodzi, lomwe sankafuna kufunsa. Anafunsa za mayi wa magalasi akuda.

Effie anayang'ana abakha. Anati sakumukumbukira. Anthu khumi ndi awiri okha, mmodzi wachikuda, ati sakumukumbukira. Effie amatha zonse koma kunama satha, makutu ake amagwedera. Kenako anayamba kulankhula mofulumira kuti Etta azisiye, Bologna si kumwamba, ntchito apeza ina, ndipo Etta akapite akasangalale chifukwa naye amalimbikira. Anakanda benchi ndi chikhadabo. Kenako m'Chichewa chake chopunduka chija, osamuyang'ana, anafunsa:

"Amayi ako ali bwanji?"

Chaka chathunthu akugwira ntchito limodzi, anali asanafunsepo zimenezo.

*

M'sitima Etta anaponya mtedza umodzi mkamwa, umboni womwewo. Wonyikidwa kaye m'madzi amchere usanakazingidwe. Mbali imodzi wopserera pang'ono, ngati wokazingira mu pani yopindika pakati yomwe moto umagwira mbali imodzi. Mtedza wa chalimbana, ngati umene amalume anabweretsa mu sutikesi kuchokera ku Mchinji mu January. Kuchokera pa Whitechapel mpaka Abbey Wood ankapemphera kuti London ikhale ndi mapani opindika ambirimbiri. Pa basi yopita ku Thamesmead anasiya kupemphera.

Atalowa m'nyumba sanavule ngakhale nsapato. Pa chitseko cha firiji, pansi pa kalendala ya kutchalitchi, pamakhala tikiti yaulere yomwe Melissa anapatsa guide aliyense pa Khirisimasi kuti apatse wachibale. Inakhala pamenepo miyezi inayi. Lero panali magineti yokha.

Anatsegula firiji. Makontena a majarini awiri. Nyumba imeneyi sinakhalepo ndi majarini awiri chiyambire. Ina inali kuseri kwa kabichi, chivundikiro chitatukuka ngati chikufuna kuthawa. Anaitsegula. Fungo lowawasa lija linamumenya, fungo lomwe amauza alendo sabata iliyonse kuti linachokera ku Puglia. Kaphalako kanali ndi timathovu pamwamba, kakupuma bwinobwino, mu Thamesmead, pambali pa kabichi.

Kiyi analira pachitseko.

*

A Winfrida, mayi ake, analowa ndi yunifolomu ya ku care home, jumbo ya tomato kudzanja, akung'ung'udza nyimbo ya kutchalitchi. Anaona kontena yotsegula patebulo, anaona nkhope ya mwana wawo, nyimbo inathera pakati. Anaika tomato, anavula nsapato, anasamba m'manja, zonse mosafulumira ngati munthu wopanda mlandu.

"Tseka chimenecho, chilowa mphepo."

"Mami, munaba."

"Ndinabwereka. Botolo la eni ake ndinabweza, lotsuka, ndiponso si lopanda kanthu. Ine sindinaleredwe kutchire."

Etta anafuna kuseka, anafuna kulira, anangokhala pampando. Anafunsa chifukwa. A Winfrida anatenga mpeni n'kuyamba kudula tomato atamufulatira, ndipo nkhaniyo inatuluka pang'onopang'ono ngati madzi a pampopi wakutha. Ati chaka chonse m'nyumba muno ndi Nonna izi, Nonna izo. Buledi wa Nonna. Nonna amati ufa umamva manja. Mandasi omwe iwo amadzukira kukazinga tsiku lawo la off amakhala pambale mpaka kuuma, mapeto ake amakapatsa anzawo ku ntchito. Pa Mother's Day Etta anagula maluwa mitolo iwiri, iwo anaona, ndipo waukuluwo unakwera sitima kupita ku Clerkenwell.

Etta sankadziwa kuti anaona zimenezo. Anayang'ana pansi.

Ati iwo ankangofuna kukamuona mayi ameneyu basi, nde anasankha Loweruka lomwe Etta anali ku library. Anayenda mtunda wonsewo, anasunga timipira ta mpunga m'chikwama, anafika kwa Nonna wotchukayo. Anangopeza mayi wamfupi ngati iwo, mapazi otupa ngati awo, palibe chodabwitsa chilichonse kupatula botolo. Potuluka ku toilet botololo linali pomwepo likuwayang'ana, chikwama chili chotsegula.

Mpeni unaima.

"Lamulungu unadya mandasi angati?"

"Asanu."

"Unati chani?"

Etta anakumbukira. Anati sanakomepo chonchi, mpaka anafunsa kuti asintha chani.

"Ndinaikamo cha mayi uja. Chaka chonse sunayamikepo chakudya changa. Tsiku loyamba kuyamika, nde chifukwa cha iye."

Sanalire, a Winfrida salira anthu akuona. Anangopitiriza kudula tomato wodulidwa kale.

Patapita nthawi Etta anawauza za Effie, kuti Lachisanu akuchotsedwa ntchito. A Winfrida anatembenuka, zimenezo sankazidziwa. Anati mtsikanayo anawaona. Pomwe amatseka zipi maso awo anakumana, ndipo anadziwa kuti wawazindikira, nkhope yawo ili pa foni ya Etta kutsogolo penipeni. Koma mwanayo anangoyang'ana kumbali, anakweza ambulera n'kuuza gulu kuti tiyeni ku tchizi.

"Mwana uja analeredwa bwino," anatero a Winfrida akupukusa mutu.

Apa Etta nsanje inamukwera kuchokera ku zala zakumapazi mpaka m'makutu. Manyazi onse aja anasungunuka kaye. Mayi ake omubereka, mu kitchen yawo, akuyamika Effie.

Anawauzanso za Bologna, mwina pofuna kuti aone kukula kwa nkhaniyo. A Winfrida anaika mpeni pansi.

"Nde ukangokhala chete, ku Italy upita ndiwe?"

"Eya."

A Winfrida anayang'ana kontena. Anayang'ana sinki. Anapukuta manja pa epuloni.

"Ine sindinanene kanthu," anatero, n'kupita kukasamba.

*

Etta anatsegula mpopi. Anagwira kontenayo pamwamba pa sinki, atapendeketsa pang'ono, kaphalako kanayamba kutsetsereka mwaulesi kulowera m'mphepete. Ankadziona kale ku Bologna, epuloni yoyera, ufa pamasaya, zithunzi pa status, Jason akuonera kawiri kawiri. Signora akanalira mwezi umodzi n'kuyamba china. Palibe akanadziwa.

Kupatula Effie. Effie akanadziwa zonse, ndipo chowawa n'chakuti sakananena. Tsiku lonyamuka akanatumiza kameseji komufunira ulendo wabwino ndi kamtima, ndipo akanatanthauzadi zimenezo, ndi mmene alili munthuyo. Moyo wake wonse Etta akanakhala uja anapita ku Bologna pa chifundo cha Effie. Akaluma pasta, ya Effie. Akajambula, chithunzi cha Effie. Anamuposa kale mano, ma review, Jason, dzina m'mutu mwa Signora, lero ndi pakamwa pa mayi ake pomwe. Nde amuposenso mtima wabwino, iye n'kulandira ndi manja awiri?

Zimenezo nde ayi.

Anaweramutsa kontena, anabweza ndi chala kaphala komwe kanafika m'mphepete, anatseka mpopi. Anakagogoda ku bafa.

"Mami, mawa muli off eti? Mudzavale bwino."

*

Lachinayi a Winfrida anavala bwinodi, suti ya chitenje ya pa zinkhoswe ndi duku lake, anakwera basi ngati akupita kukalandira mendulo, kontena ili pamiyendo yokutidwa ndi kansalu koyera. Pa Farringdon anangofunsa ngati kuli apolisi, Etta anati sakudziwa, ndipo sankadziwadi.

Mu bekale munalibe kasitomala. A Winfrida anaima pakati, anawomba m'manja mofatsa, anapinda maondo n'kuyamba kupepesa m'Chingerezi chawo cha pa msonkhano wa amayi, kuyambira ndi kuthokoza Mulungu chifukwa cha tsikuli. Signora sanamvere ngakhale liwu limodzi. Anatsomphola kontena, anatsegula, analowetsa mphuno yonse, kenako chala, analawa. Anatseka maso. M'sitolo munangomveka firiji ya zakumwa.

Anafunsa kuti amachidyetsa ndani.

A Winfrida anati iwo, five koloko m'mawa uliwonse asanapite ku ntchito, ufa masupuni awiri, madzi ofunda osati otentha, monga mmene Signora anauzira alendo Loweruka lija. Ena onse ankajambula, amene ankamvetsera anali iwo okha.

Signora anatukwana m'Chitaliyana kwa nthawi yaitali, manja m'mwamba, m'mbali, pachifuwa, anatchula oyera mtima angapo. A Winfrida anaima chilili akulandira zonse ngati mvula. Pomaliza Signora anayang'ananso m'kontenamo n'kunena monyinyirika kuti chanenepa kuposa mmene chinachokera. Sanamwetulire. Anati mayi ameneyu asadzadutsenso kauntala yawo mpaka imfa, ngakhale toilet akapemphe kwina. Kenako anafunsa kuti mandasi amenewa ndi chani kwenikweni, ndipo pasanathe mphindi zitatu awiriwo anali akukangana za mafuta okazingira ngati anthu odana kuyambira ku pulayimale.

Etta anatuluka panja n'kumuimbira Melissa. Ananena zonse, tikiti ya Khirisimasi, toilet, kabichi, zonse, mofulumira kuti asasinthe maganizo pakati. Melissa anati Effie abwerera Loweruka ndipo ku Bologna apita monga anakonzera, tikiti zaulere zatha kwa aliyense, ndipo Etta atenge ma tour a Lamulungu m'mawa mpaka chilimwe, aja palibe amawafuna. Etta anati zikomo. Mawuwo anatuluka ngati akumeza mwala koma anatuluka.

Patatha masabata awiri, Lamulungu, mvula ikuwaza, Etta anaima pa Farringdon akudikira alendo atatu ochedwa. Foni inanjenjemera. Effie, ku Bologna, kumbuyo kwake mayi wina akukanda ufa, dzuwa likumuwala pankhope ngati analilipira. Pansi pake analemba yekha m'Chichewa, zilembo zina zitasokonekera: zikomo kwambili mchemwali wanga.

Etta anachikulitsa chithunzicho ndi zala ziwiri, anafufuza chipumi, masaya, chibwano, kufuna kachiphuphu kamodzi kokha. Panalibe. Anadina kamtima. Kenako anadina mute, foni inamufunsa kuti maola eyiti, sabata imodzi, kapena mpaka kalekale.

Chala chinaima m'malere nthawi yaitali ndithu kkkk. Anasankha sabata imodzi.